Denga Lopanda Mzati

Ine ndine mwana wa matenanti. Ndimanena poyambirira kuti munthu asavutike n'kundifufuza. Bambo ndi mayi anga anachoka ku Thyolo ndi khasu ndi mphika kudzalima fodya pa esiteti ina cha ku Kabudula, ndipo ine ndinabadwira m'kanyumba ka udzu kuseri kwa zigafa zoyanikamo fodyayo. Ku Thyolo ndinapitako kamodzi, kumaliro, anthu n'kumandifunsa kuti ndine mwana wa yani.

Nditakwatira Nabanda ndinakakhala kwawo, m'mudzi wina kufupi ndi Nsaru, monga mwa mwambo wa kuno. Chikamwini sichipweteka ngati uli ndi kwanu kobwerera. Ine ndinalibe. Munda unali wa Nabanda, malo a nyumba a Nabanda, ndipo ana athu, Tiyamike ndi mng'ono wake, anali a mbumba ya a Lufeyo, malume ake a Nabanda. A Lufeyowo sanali munthu woipa ayi. Anali mphunzitsi wopuma, mkulu wa mpingo, wolankhula mofatsa ngati akupempherera chakudya. Koma akamandionetsa kwa alendo ankati, "Awa ndi akamwini athu, aja a ku esiteti." Mawu amenewo ankandiwawa. Ndinkafuna chinthu chimodzi chokha m'mudzi umenewo choti munthu akachiloza azinena kuti ichi n'cha bambo a Tiyamike. Chimenecho n'chimene chinandikweza basi ya ku Joni, osati njala.

Nabanda anandiperekeza mpaka pa Nsaru. Si mkazi wolira pagulu. Anandipatsa mtedza wokazinga m'kajumbo n'kunena kuti, "Mukafika muimbe. Musatiyendetse mtima." Minibasi itanyamuka ndinacheuka, iye anali atatembenuka kale, akukambirana mtengo wa tomato ndi mayi wina.

Za m'njira sindinena zambiri. Miyendo inatupa, ku Tete tinapsa, pamalire anatiimiritsa padzuwa ngati mbuzi za pamsika. Amene anandilandira ku Joni ndi a Jailosi a ku Nambuma, amene tinadziwana kale ku esiteti kuja. Anali munthu wamfupi, wadazi, wosatha kukhala osaseka mnzake. Atandiona ndikutsika basi ndi nsapato zanga za kutchalitchi anati, "Iii, abusa afika! Kodi mwabwera kudzalalikira kapena kudzanyamula matabwa?"

Ankakhala m'kachipinda ka malata kuseri kwa nyumba ya munthu, iwo ndi anyamata ena awiri a kumudzi kuno. Ine ndinapatsidwa malo a pakhomo, pamene mphepo imayambira kulowa. M'mawa mwake ananditengera ku fakitale kumene ankagwira ntchito. Ndinawafunsa kuti amapanga chiyani kumeneko.

"Mafupa a denga," anatero. "Kuno denga salikhomera pamwamba ngati kwathu, munthu ali lendelende ndi misomali kukamwa. Limapangidwa pansi, n'kukwera lole, n'kukapeza nyumba yake."

Mafupa amenewo dzina lake ndi mathirasi. Thirasi ndi chimango cha ngodya zitatu: thabwa lalitali pansi, awiri otsetsereka okumana pansonga, ndiye m'kati timatabwa topingasa timene ifeyo tinkatitcha nthiti. Pamene matabwa akumana sitinkakhomapo msomali. Tinkaikapo kapuleti kachitsulo ka mano ambirimbiri, ndipo chimakina cholemera chinkabwera n'kudinda mano onsewo kulowa m'thabwa kamodzi n'kamodzi. Ine ndinayamba ndi kunyamula, kenaka kusanja matabwa pa chithebulo chachikulu, kenaka kuika mapuleti. A Jailosi anali odula. Pensulo kukhutu, tepi m'chiuno, utuchi m'dazi monse.

Kapitawo wathu anali Mzulu wamtali wosakonda kubwereza mawu. Aliyense watsopano ankamuphunzitsa phunziro limodzi lomwelo. Anaimika thirasi lina lolakwika pakati pa zitsulo ziwiri n'kutiuza kuti tikwerepo. Tinakwera amuna angapo, ilo osagwedezeka n'komwe. Kenaka anatenga sowo n'kudula kanthiti kamodzi, kakang'ono koti mwana n'kuseweretsa. Tinangomva kuti the! Thirasi lonse linagwada, ife n'kugwera mu utuchi. A Jailosi anaseka mpaka misozi, kenaka anandimasulira zimene kapitawoyo ankanena: m'thirasi mulibe thabwa la ulemu, lililonse lasenza katundu wake. Phunziro limenelo linandilowa kuposa katekisimu.

Chisanu cha ku Joni chimaluma. Lamulungu lina m'mawa, tikunjenjemera, ndinatulukira ndi thumba la zidutswa za matabwa zimene ku fakitale ankataya. Abale, mwana wokulira kwa Kabudula, kumene amayi amaphikira zitsononkho ndi mapesi, kuona nkhuni zikutayidwa! Tinasonkha moto m'mbaula. Zidutswazo zinali zobiriwira, ife osalabadira. Posakhalitsa tonse tinali panja, kutsokomola, maso ali psu. Mwini nyumba anatizazira kuti matabwa obiriwirawo amawanyika m'mankhwala oopsa kuti chiswe chisadye. A Jailosi, akupukuta mamina, anati, "Abusa afuna atitumize kumwamba tonse tsiku la Mulungu lomwe." Dzina la abusa linandikanirira mpaka lero kwa amene tinali nawo kumeneko.

Zaka zoyambazo zinali zokoma. Mizinda inkakula ngati bowa, nyumba zofanana m'mizere mpaka kosaoneka, ndipo iliyonse inkafuna denga. Malole ankaima pamzere kunja kwa geti kudikira ife. Tinkagwira mpaka Loweruka. Ndinkatumiza kumudzi mwezi ndi mwezi, Nabanda anaumbitsa njerwa, anaotcha, anapeza mmisiri. Pafoni ndinamuuza zinthu ziwiri: chipinda chochezera chikhale chachikulu chopanda khoma pakati, ndipo munthu asakhudze za denga.

"Chopanda khoma pakati?" anafunsa. "Nanga denga lidzatsamira chiyani?"

"Mudzaona," ndinatero.

Chaka china m'chilimwe ndinapempha tchuthi. Ndinafika kumudzi ndi chikwama cholemera ngati muli miyala. Ana ankaganiza kuti muli zovala, koma munali mapuleti amene ndinagula ku fakitale. Matabwa a paini ndinakagula pa Njewa. Chimakina chodindira ndinalibe, ndiye ndinabwereka jeke ya lole, wowotcherera wa pa Nsaru n'kundipangira chimango chachitsulo choikamo jekeyo. Ndinasalaza bwalo, ndinakhoma zikhomo pansi, n'kuyamba kusanja mathirasi anga pa dothi.

Mudzi wonse unabwera kudzaonerera misala. Kalipentala wa m'mudzimo, amene anakhoma madenga onse a malata kumeneko, anaima manja kumbuyo n'kunena kuti, "Denga lili pansi, eti? Ndiye kuti mvula ya ku Joni imachokera m'nthaka?" Anthu anaseka. A Lufeyo anabwera ndi kampando kawo, n'kukhala pamthunzi kuyang'ana tsiku lonse. Madzulo anati, "Akamwini, makolo athu denga la nkhokwe ankalimangira pansi, n'kuitana amuna kudzalisenza. Inu mwapita mpaka ku Joni kukaphunzira za kwathu konkuno." Ndinaseka nawo, koma zinandiwawa pang'ono chifukwa zinali zoona.

Tsiku lokweza, Nabanda anaphika thobwa mbiya ziwiri. Amuna anabwera ndi zingwe. Wina anayambitsa nyimbo yokokera, thirasi loyamba linadzuka, linaima pakhoma, ine ndili pamwamba kulimangirira. Pofika masana mathirasi onse anali ataima pamzere, ofanana ngati anabadwa tsiku limodzi. Kalipentala uja anakwera yekha, anadumphadumpha pa thirasi limodzi, anatsika, mawa lake n'kubwera kudzandithandiza kukhoma malata.

Lamulungu lotsatira, potuluka m'tchalitchi, anthu anakhotera kwathu. Analowa m'chipinda chachikulu chija, makosi m'mwamba, kufunafuna mzati umene wagwira denga. Panalibe. A Lufeyo anaima pakati, anayang'ana nthawi yaitali, kenaka anauza mlendo wina wa ku Mpingu kuti, "Ili ndi denga la bambo a Tiyamike." Sanatchule za esiteti. Ndikanakhala mkazi ndikanaluluta.

Ndalama zinathera pa malata. Zitseko, mawindo ndi simenti ya pansi zinatsalira, choncho Nabanda ndi ana anapitiriza kugona m'kanyumba kakale. Ponyamuka ndinamuitanira m'nyumba yatsopanoyo.

"Mayi a Tiyamike, mverani bwino. Denga ili ndinalipangira kusenza malata basi. Musapachikepo kanthu, ngakhale chingwe choyanikira zovala. Ndipo munthu asadule kathabwa ngakhale kamodzi."

"Ndamva," anatero.

Nditabwerera ku Joni ndinapeza zinthu zikusintha. Poyamba kunabwera sowo ya kompyuta. Mtsikana wa mu ofesi ankajambula denga lonse pa kompyuta, ndipo sowoyo inkadzidulira yokha thabwa lililonse, ngodya yake yeniyeni, n'kulilemba nambala. Ntchito imene a Jailosi ndi anzawo ankagwira tsiku lonse, iyo inkamaliza tiyi asanawire. Kenaka anapachika timagetsi kudenga la fakitale, toponya mizere yofiira pa thebulo kusonyeza poika thabwa ndi puleti. Tepi inakhala yopanda ntchito. Munthu wobwera dzulo ankasanja bwino ngati ine.

A Jailosi anawayesa pa sowo yatsopanoyo, koma maso awo ndi tizilembo ta pagalasi sizinagwirizane. Tsiku limene anawauza kuti ntchito yatha, anakakhala pa mulu wa matabwa n'kuyang'ana sowoyo ikudula. Ndinakhala nawo pambali.

"Usaikwiyire, abusa," anatero. "Iyo sidwala, sipempha tchuthi, amayi ake samwalira. Ukanakhala bwana ukanasankha yani?"

Ndinawaperekeza kukakwera basi. Anandiseka mpaka pawindo, akuti ndisaotchenso anzanga ndi nkhuni zobiriwira. Basi itachoka ndinalira, ine mwamuna wamkulu, pakati pa anthu osandidziwa. Munthu amene anandipatsa malo ogona ndi ntchito anabwerera ku Nambuma ndi chikwama chimodzi ndi chifuwa cha utuchi.

Pambuyo pa kompyuta kunabwera chitsulo. Matabwa anakwera mtengo, ena amati nkhalango zinapsa, ena amati akugulitsidwa kunja. Omanga nyumba anayamba kufuna mathirasi a chitsulo chopyapyala, opepuka, osapindika ndi mvula, osadyedwa ndi chiswe. Makina ake ankameza chitsulo chokulungidwa ngati mpukutu wa nsalu, n'kumalavula mbali inayo timitanda tathunthu, toboola kale, tolemba kale. Anyamata ochepa ndi timakina ta m'manja topotera misomali ankamaliza denga lonse. Ndinkaima n'kumayang'ana, ndipo sindinama, ntchito yake inali yowongoka. Makinawo sindinawade. Chimene chinkandizunguza mutu n'chakuti luso limene ndinalivutikira, limene ndinkayenda nalo monyada kumudzi, linakalamba ine ndisanakalambe.

Malole a matabwa anachepa. Anayamba kutiuza kuti tizibwera masiku ena, ena ayi. Kenaka mbali yathu yonse inatsekedwa. Ndinayesa mafakitale ena, konse ankafuna wodziwa kompyuta kapena wa mapepala a dzikolo. Ndinatsikira pa maganyu, kuima pa maloboti m'mawa ndi hamala m'manja kudikira galimoto yofuna munthu. Tsiku lina upeza, masiku ena ayi. Zotumiza kumudzi zinachepa, kenaka zinatha. Foni ikalira n'kuona kuti ndi Nabanda, ndinkaiyang'ana mpaka itasiya. Ndikanamuuza chiyani? Munthu wa denga lopanda mzati akugona m'khitchini ya mnzake? Ndinkati ndiimba ndikapeza ntchito, ndipo mvula zingapo zinadutsa ndikunena zomwezo.

Amene anandikweza basi yobwerera ndi anzanga a kumpingo wa Amalawi kumeneko, atandiona ndikuwonda. Ndinafika pa Nsaru nthawi yothyola fodya, mvula isanathe. Ndinakwera kabaza. M'njira monse ndinkadabwa ndi kuyera kwa dziko. Mitengo imene ndinkaidziwa, ya m'mbali mwa dambo, ya m'malire a minda, yonse inali zitsa. Unkatha kuona mudzi uli kutali zedi. Ndipo ndili kutali choncho ndinaona denga langa. Msana wake, umene ndinauwongola ndi chingwe, unali utalowa pakati ngati wa ng'ombe yokalamba.

Pakhonde panali Nabanda ndi amayi awiri akusoka fodya. Tiyamike, amene ndinamusiya akusewera fulaye, anali mtsikana wamkulu woti sindikanamuzindikira pamsika. Nabanda anaimirira, anandilandira chikwama, anandipatsa mpando ndi madzi, n'kugwada kundilonjera bwinobwino ngati mlendo wa kumpingo. Anali atanenepa pang'ono, mawu ake atalemera. Amayi awiri aja anali aganyu ake. Ine madziwo sindinamalize. Ndinaimirira n'kulowa m'nyumba.

Munali mdima ndi fungo la fodya lotsamwitsa. Kuyambira khoma ili mpaka ilo, kuyambira pamutu panga mpaka kumalata, munali fodya yekhayekha, masamba osokedwa m'mizere, ndawala pamwamba pa ndawala. Mikangala, timitengo topachikapo fodya tija, inali itagonekedwa pa mathirasi anga. Ndipo kuti mikangalayo ilowe bwino, nthiti za pakati zinali zitadulidwa. Osati imodzi. Ndinaona zitsa zake zili tuzu m'mapuleti.

"Wadula ndani?" ndinafunsa.

"Ndine," anayankha Nabanda ali pakhomo. "Ndi sowo yanu ija munasiya."

"Ndinakuuzani chiyani ponyamuka?"

"Munandiuza, ndipo ndinamva. Chigafa chinagwa ndi mphepo chaka chatha, fodya atapsa m'munda. Mitengo yomangira china mwaiona m'njiramo? Ndinaimba foni, inu zii. Ndiye ndikanatani, bambo a Tiyamike? Ana adye denga?"

"Ili si chigafa! Iyi ndi nyumba yanga!"

"Nyumba yopanda chitseko," anatero mosakweza mawu. "Fodya ameneyu ndiye walipira sukulu ya mwana wanuyu."

Mkwiyo umene ndinali nawo sindinaumvepo chibadwire. Sunali wa matabwa okha. Ndinachoka ku Joni wopanda kanthu, ndikudzitonthoza kuti ngakhale ndalephera, kumudzi kuli chinthu chimodzi chimene chili changa. Ndiye ndikuchipeza chasanduka chigafa, ndipo pakhomo pakuyenda bwinobwino popanda ine. Ndinapita kwa a Lufeyo. Anali atakalamba, maso atachita khungu pang'ono, koma mawu anali omwe aja ofatsa. Ndinawauza kuti ndanyozeka ndipo ndikuchoka.

"Mupita kuti, akamwini?" anafunsa.

"Kulikonse."

Anati, "Ife sitikukuthamangitsani. Koma ngati mtima wanu watero, mwambo mukuudziwa. Mwamuna akamachoka paukwati amatenga zake: bulangete, njinga, ndi malata ngati anagula yekha. Njerwa ndi dothi la pano, zimatsala. Palibe amene adzakugwireni dzanja."

Mwina ankaganiza kuti ndichita manyazi. Sankandidziwa. Mwambo umenewo ndinauonapo ndi maso anga, nyumba zitasiyidwa pululu mwamuna atakweza malata pangolo, ndipo ndinkawanyoza amuna otero. Koma tsiku limenelo ndinaona kuti ndi chilungamo. Ndinakagona kwa kalipentala uja, m'mawa n'kumubwereka makwerero ndi hamala yozulira. Iye anangopukusa mutu.

Kumwamba kunali kutada cha ku Namitete, mvula ya masana ikukonzeka. Ndinatsamiritsa makwerero pakhoma. Anthu anayamba kusonkhana patali, amayi manja pakamwa, amuna akunamizira kuyang'ana kwina. Aliyense ankadziwa chimene chichitike fodya wosauma akanyowa: amada, amaola, chaka chonse cha banja n'kuthera padzala. Inenso ndinkadziwa. Ndinakwera.

Nditangoponda pamwamba, denga linanditsika pansi pa mapazi n'kubwerera, lofewa ngati matiresi. Ndinakwawa mpaka pamsana, ndinazula misomali ya lata loyamba, n'kulitukula. Fungo la fodya linandiomba kumaso, kuwala n'kulowa m'nyumba.

Pansi panali Nabanda ndi Tiyamike. Sankalira, sankandipempha. Nabanda anali atakwera pa mgolo, akutsitsa mikangala umodziumodzi n'kumapatsira mwanayo, amene ankaiunjika pakona ngakhale panalibe pokwanira. Anayang'ana kumwamba, maso athu anakumana, iye n'kupitiriza ntchito yake.

Ndili pamwambapo ndinaona zimene dzulo mumdima sindinazione. Paliponse pamene thabwa linayamba kupindika, panali pomangidwa. Apa mpini wa khasu womangirira ndi linya, apo nsungwi ziwiri zokulungidwa ndi waya, pena chitsulo cha njinga yakale. Munthu anakhala akukwera m'mwamba muno, kumanga mabala a denga langa ndi chilichonse chimene anapeza, osadziwa kuti sizithandiza. Ndinaonanso china choopsa. Pa thirasi la pakati, puleti ya pansi inali itayasama, mano ake atatuluka theka, thabwa litang'ambika. Ndipo Nabanda ankatsitsa fodya mbali imodzi yokha, katundu yense n'kumatsalira mbali yong'ambikayo, pamwamba pa mutu wa Tiyamike.

"Siyani!" ndinakuwa. "Musatsitsenso! Tiyamike, choka pamenepo, pita pakhomo!"

Mwanayo anathawira pakhomo. Nabanda anaima pa mgolo, mkangala uli m'manja.

"Mukatsitsa mbali imodzi likugwerani," ndinatero. "Bwezerani umenewo pamene unali. Pang'onopang'ono."

Anabwezera. Ine ndinali pamwamba, iye pansi, denga likulira tetete pakati pathu. Dontho loyamba la mvula linagwa pa lata limene ndinali nditagwira. Ndinkadziwa mankhwala ake, ndipo anali amodzi okha, omwe aja ndinalumbira kuti m'nyumba mwanga sadzalowa. Ndinkadziwanso kuti m'dziko loyera ngati limenelo sangapezeke tsiku lomwelo.

"Pakufunika mizati iwiri," ndinatero, ngati ndikudzilankhulira ndekha. "Yaitali, yolimba. Lero lomwe. Popanda imeneyo denga ili silifika Lamulungu."

"Mizati ilipo," anatero Nabanda.

"Ilipo kuti?"

"Kuseri kwa khola la mbuzi, ndinaifunditsa udzu. Ya bulugama. Ndinakagula ku Namitete titangogulitsa fodya wa chaka chatha, nditaona kuti msana wayamba kulowa."

"Chaka chatha? Nanga bwanji simunaimike?"

Anatsika pa mgolo, anapukuta manja pachitenje, n'kundiyang'ana kudzera pa bowo limene ndinatsegula.

"Ndikanaimika pati? Ndinadula kale posayenera, ndiye ndiimikenso posayenera? Kalipentala anati andiimikire, ndinakana. Denga ndi lanu, bambo a Tiyamike. Foni zonse zija ndinkaimba, sindinkafuna ndalama. Ndinkafuna mundiuze poimika."

Ndinabwezera lata pamalo pake, ndinawongola misomali yomwe ija pa msana wa denga n'kuikhomanso, mvula ikundimenya kumsana. Ndinatsika makwerero anthu onse akuyang'ana, ndinalowa m'nyumba, n'kuwerama kudutsa pansi pa fodya mpaka pa thirasi la pakati. Ndinayang'ana kumwamba, ndinayang'ana pansi, n'kulemba dothi ndi chidendene.

"Apa," ndinatero. Ndinasuntha pang'ono. "Ndi apa."

Nabanda anatenga khasu, anagwada n'kuyamba kukumba. Ine ndinatuluka pamvula kukasenza mzati.